Mmene mungapangire pulaneti la bowa woganiza, sitepe ndi sitepe

Ngati mukufuna kulemba nthano, kupanga gemu kapena kungojambula pulaneti lakutali kumene zamoyo zanzeru ndi bowa, ndikupempheni chinthu chimodzi tisanayambe n'komwe: musatenge munthu wa miyendo iwiri n'kumuveka chipewa cha bowa kenako n'kumati ntchito yatha. Ambiri amathera pomwepo ndipo ine zimandiwawa, chifukwa bowa weniweni wa pa dziko lathu lino ndi wodabwitsa kale kuposa kamunthu ka chipewako. Njira yake ndi kuyambira pa mmene bowa amakhalira zenizeni, kenako muzingodzifunsa kuti nanga chamoyo chotere chitakhala ndi nzeru chingamaganize bwanji, chingamaope chiyani, chingamakangane ndi ndani. Tengani kope ndi pensulo tiyambepo.

Sitepe yoyamba: dziwani kaye thupi lake

Chija timachiona chitatumphuka m'nthaka mvula ikagwa si bowa yense ayi, ndi chipatso chabe, ntchito yake ndi kumwaza timbewu basi. Thupi lenileni lili pansi kapena m'kati mwa chikuni, ndi timaulusi tochepa kuposa tsitsi kangapo konse, tolukanalukana n'kupanga ukonde umene asayansi amautcha mycelium. Ulusiwu umakulira kunsonga, ukapeza chakudya umachita nthambi zambirimbiri, mbali imene yapita kopanda kanthu imafota ndipo zimene zinali m'katimo zimasamutsidwira kwina. Bowa alibe kamwa, alibe mimba. Amamera kulowa m'kati mwa chakudya chake, n'kutulutsa timadzi togaya, chakudyacho chimasungunukira kunja kwa thupi iye n'kumangoyamwa.

Komanso si chomera, olo kwa zaka zambiri ankamuika m'gulu la zomera mpaka Robert Whittaker anamupatsa gulu lakelake mu 1969. Pa chibale, bowa ali pafupi ndi nyama kusiyana ndi mitengo, ndipo khungu la maselo ake ndi la chitin, zomwe zija zimalimbitsa chigoba cha tizilombo touluka ndi nkhanu.

Nde pamwamba pa tsamba lanu lembani zinthu zitatu izi ndipo musazifufute: sayenda koma amakula kulowera kumene akufuna, amagayira chakudya kunja kwa thupi, ndipo alibe mutu moti mutamudula pakati mbali zonse ziwiri zikhoza kupitiriza moyo. Chilichonse chimene mupeke kutsogoloku chizigwirizana ndi zitatuzi.

Za kukula musaope kukokomeza. M'nkhalango ya Malheur ku Oregon, America, muli bowa mmodzi wa mtundu wa Armillaria ostoyae amene ukonde wake watenga malo opitirira mahekitala 900, ndipo akuti ali ndi zaka zosachepera 2,400. Ndipo zaka pafupifupi 400 miliyoni zapitazo, mitengo italiitali isanabwere, chinthu chachitali kwambiri pamtunda chinali Prototaxites, chithunthu chopanda nthambi chofika mamita 8. Asayansi ambiri akhala akunena kuti anali bowa, ena amatsutsabe, koma inu ngati wopeka chithunzicho chitengeni ndithu: chigwa chonse mizati yokhayokha, popanda tsamba ndi limodzi lomwe.

Sitepe yachiwiri: akudya chiyani?

Apa ndi pamene mapulaneti ambiri ongopeka amagwera. Bowa sapanga yekha chakudya kuchokera ku dzuwa, amadya zimene ena apanga. Pulaneti la bowa yekhayekha lingafe ndi njala, nde muyenera kusankha kuti mphamvu ikulowera pati.

Njira ina ndi ya ndere zija zimamera pa miyala ndi pa makungwa. Umenewu ndi mgwirizano, bowa amamanga nyumba n'kusunga chinyezi, m'katimo mumakhala tizamoyo tobiriwira topanga shuga ndi kuwala, onse n'kumagawana. Eni pulaneti anu akhoza kukhala ndi khungu lotambalala lobiriwira pamwamba, maganizo ali pansi.

Njira imene ine ndimaikonda kwambiri ndi ya malonda. Pa dziko lathu mitundu yambiri ya zomera, pafupifupi 9 pa 10 iliyonse, imagwirizana ndi bowa ku mizu, bowa amabweretsa madzi ndi mchere wa m'nthaka monga phosphorus, chomera chimalipira ndi shuga. Mu 2011 Toby Kiers ndi anzake anaonetsa kuti si kupatsana kwaulere, muzu umene ukupereka shuga wambiri ndi umene umalandiranso phosphorus wambiri, ndipo chomera nacho chimakondera bowa amene akupereka bwino. Mwaona? Chuma cha pulaneti lanu chapezeka kale apa. Nkhalango ndi minda yawo, ndipo wolemera ndi amene wagwira mizu yambiri.

Palinso njira yachitatu imene anthu amaithamangira chifukwa imamveka bwino. Ngozi ya pamalo opangira magetsi a nyukiliya ku Chernobyl, ku Ukraine, itachitika mu 1986, patapita zaka zochepa anapeza bowa wakuda akumera pa makoma a malo a ngoziwo pamene panali radiesheni yoopsa, cheza chosaoneka ndi maso chimene chimaononga thupi, ndipo kafukufuku wa Ekaterina Dadachova ndi Arturo Casadevall mu 2007 anapeza kuti bowa wokhala ndi melanin, chija chimapangitsa khungu kukhala lakuda, amakula msanga akamawombedwa ndi radiesheni. Koma zoti angakhale moyo ndi radiesheni yokha asayansi sanatsimikize, nde ine ndinganene kuti iyi muiike ngati chowonjezera, osati gwero lonse la chakudya.

Sitepe yachitatu: sankhani nyenyezi ndi nyengo

Bowa amafuna chinyezi, mthunzi ndi nthawi yaitali. Nyenyezi zazing'ono zofiira zimakupatsani zonsezi. Ndi zimene zachuluka kwambiri mu mlalang'amba wathu, pafupifupi zitatu pa zinayi zilizonse, ndipo zimayaka pang'onopang'ono moti zimakhala nthawi yaitali kutalitali kuposa dzuwa lathu. Chitsanzo ndi TRAPPIST-1, imene kuwala kwake kumatenga zaka pafupifupi 40 kuti kutipeze, ndipo mu 2017 analengeza kuti ili ndi mapulaneti 7. Poti nyenyezi yotere siotcha kwambiri, pulaneti lofunda bwino liyenera kukhala pafupi nayo, ndipo likayandikira choncho nthawi zambiri limayang'anitsa mbali imodzi yokha ku nyenyeziyo, mwezi wathu umachitanso chimodzimodzi ndi dziko lino. Mbali ina masana osatha, mbali ina usiku osatha, pakati pake pali lamba wa chisisira wozungulira pulaneti lonse. Jambulani lamba ameneyu pa mapu anu, eni dziko amakhala mmenemo, zomera zawo zili cha kowala, iwo afalikira cha ku mdima.

Nyenyezi zofiirazi zambiri zimakonda kulavula malawi mwadzidzidzi, ndipo izi zikuthandizani kawiri: ndi chifukwa chomveka choti zamoyo zanzeru zizikhala pansi pa nthaka, komanso choti zipatso zawo zikhale zakuda bii ndi melanin.

Okosijeni akhalepo, mitundu yambiri ya bowa imapuma ngati ife. Kenako sankhani za nyama. Bowa wambiri sakula bwino pa kutentha kwa madigiri 37 ngati kwa thupi la munthu, ndipo Casadevall yemweyo ali ndi ganizo loti magazi ofunda anathandiza nyama zoyamwitsa kupulumuka pamene bowa anachuluka padziko, chimwala chachikulu chochokera kumwamba chitagwa padziko zaka 66 miliyoni zapitazo. Pa pulaneti lanu mukhoza kungonena kuti nyama za magazi ofunda sizinabwereko, kuli tizilombo ndi nyongolotsi basi.

Sitepe yachinayi: nzeru zake, ndipo apa tikhalitsepo

Yambani ndi funso loti nzeruzo zinabwereranji. Ubongo ndi wodula, wa munthu ndi pafupifupi magawo 2 pa 100 a kulemera kwa thupi koma umadya magawo 20 pa 100 a mphamvu zake. Chamoyo sichingalipire mtengo wotere popanda phindu. Ngati munasankha njira ya malonda yankho muli nalo kale, amene akuchita malonda ndi mitengo masauzande ayenera kukumbukira amene anabweza ndi amene anabera, ayenera kudziwiratu kuti malawi a nyenyezi abwera liti kuti abise chuma pansi, ayeneranso kuchenjerera maukonde anzake amene akufuna mizu yomweyo.

Timbewu ta nzeru zotere tilipo kale kuno. Yu Fukasawa ndi Lynne Boddy anachita kafukufuku amene anatuluka mu 2020, anatenga kachidutswa ka thabwa kodzaza bowa wa Phanerochaete velutina n'kukaika pa dothi m'thireyi, ulusi unatuluka mbali zonse mpaka unapeza kathabwa kena katsopano mbali imodzi. Kenako ananyamula kathabwa koyamba kaja, n'kuchotsa ulusi wonse wa kunja, n'kukaika pa dothi latsopano lopanda kanthu. Pomeranso, ulusi wambiri unatulukira mbali yomwe ija kunali chakudya. Wopanda ubongo, koma china chake chinatsala m'thupimo chokumbutsa kolowera. Palinso Physarum polycephalum, kachamoyo kachikasu kotereratu, amene mu 2000 Toshiyuki Nakagaki anaonetsa kuti amapeza njira yaifupi m'tinjira tosokoneza, ndipo mu 2010 anamuikira chakudya motsatira mapu a mizinda yozungulira Tokyo iye n'kuluka ukonde wofanana kwambiri ndi njanji za kumeneko. Ameneyu si bowa weniweni, musasokoneze, koma kaganizidwe kake ka kukulitsa njira yothandiza n'kufotetsa yosathandiza mukabwereke.

Tsopano vuto lalikulu ndi liwiro. Mu 1995 Stefan Olsson ndi mnzake anayeza timagetsi toyenda mu ulusi wa bowa, ndipo liwiro limene limatchulidwa ndi pafupifupi theka la milimita pa sekondi. Mitsempha yothamanga kwambiri ya munthu imapititsa uthenga mamita opitirira 100 pa sekondi. Tengani kakyuleta muone nokha: theka la milimita pa sekondi ndi mamita 1.8 pa ola, mamita 43 pa tsiku, kutanthauza kuti kilomita imodzi ndi masiku 23. Ngati mwini dziko wanu ndi wotambalala makilomita 10, uthenga wochokera kumalire ano ukafika kumalire enawo patatha miyezi yoposa 7, yankho n'kudzabweranso miyezi ina 7.

Musathawe vuto limeneli, nthano yanu yonse yagona pamenepa. Mukhoza kulichepetsa pang'ono, Armillaria amaluka ulusi wake kukhala zingwe zakuda zokhuthala ngati zingwe za nsapato zimene zimadutsa m'nthaka kuchoka pa mtengo wina kupita pa wina, nde eni dziko anu akhoza kukhala ndi zingwe zotere zothamangitsa uthenga mwina kakhumi kapena ka 100. Komabe adzakhala ochedwa. Chimene ine ndingachite ndi kuwapatsa maganizo a magawo awiri. Kumalire kuli timfundo ting'onoting'ono toganiza msanga, totha kusankha patokha za lero, kuti apa timere, apa tithire poizoni, apa tibwerere. Pakati pali maganizo aakulu oyenda mwa miyezi ndi zaka. Octopus, nyama ya m'nyanja ya miyendo 8, ali ndi zofananako, maselo ake ambiri oganizira ali m'miyendo osati m'mutu. Zikatere mwini dziko mmodzi yemweyo akhoza kudzitsutsa yekha, malire akumadzulo ayambitsa nkhondo imene pakati sipanavomereze, ndipo pomwe pakati pakumva, nkhondoyo yatha kale.

Sitepe yachisanu: "ine" ndi ndani?

Ulusi wa bowa ukakumana ndi unzake wogwirizana nawo umalumikizana kukhala thupi limodzi, zam'kati n'kumayenda uku ndi uku. Ukakumana ndi wosagwirizana nawo, maselo a pamalo okumaniranawo amafa ndipo pamakhala mpanda. Mukadzawaza chikuni choyamba kuola mudzayang'anitsitse, nthawi zina mumaoneka timizere takuda topyapyala tokhotakhota ngati wina wajambula ndi cholembera. Amenewo ndi malire, bowa uyu mbali iyi, winayo mbali inayo. Mapu a ndale a pulaneti lanu aoneke choncho.

Nde yankhani mafunso awa m'kope mwanu, mmodzimmodzi. Awiri akalumikizana, amakhala awiri kapena mmodzi? Chigumukire chikadula ukonde pakati, patapita zaka 50 zidutswa ziwirizo n'kukumananso chilichonse chili ndi zokumbukira zake, wamkulu ndani? Kwa chamoyo chimene sichifa ndi ukalamba, imfa ndi chiyani? Ine ndimaona kuti imfa yawo ndi kuiwala, gawo la thupi likauma zimene linkasunga zapita. Ndipo mlandu waukulu kuposa yonse kwa iwo ungakhale kulumikiza mnzako mokakamiza.

Za amuna ndi akazi musazitengere kumeneko. Bowa wa Schizophyllum commune ali ndi mitundu ya kukwerana yopitirira 23,000, moti pafupifupi aliyense amene si m'bale wake wapafupi akhoza kubereka naye.

Sitepe yachisanu ndi chimodzi: chilankhulo

Mapapo alibe, nde mawu apakamwa iwalani. Ali ndi njira zinayi ndipo iliyonse muipatse ntchito yake. Timagetsi ndi ta m'thupi ndi kwa amene walumikizana naye. Mu 2022 Andrew Adamatzky anayeza timagetsi ta mitundu inayi ya bowa n'kunena kuti timabwera m'magulumagulu ofika mwina 50 okhala ngati mawu, asayansi ena ambiri sakuvomereza kuti chimenechi ndi chilankhulo, koma kwa wopeka ndi poyambira pabwino. Fungo ndi timadzi ta m'nthaka ndi zolankhulira ndi oyandikana nawo pamalire. Kuwala ndi kwa patali, ku Brazil kuli bowa wa Neonothopanus gardneri amene amawala mobiriwira usiku n'kumakopa tizilombo, nde taganizani phiri lonse la ku mbali ya mdima likuthwanima kuti anzawo a tsidya lina awerenge. Ndipo timbewu touluka ndi mphepo ndi makalata opita kutali kwambiri, osadziwa kuti akafika kwa ndani.

Kenako ganizirani mmene thupi limaumbira kalankhulidwe. Alibe kutsogolo ndi kumbuyo. Bowa wina amamera mozungulira, bwalo likumka likula chaka ndi chaka pakati pakutsala pakale, nde kwa iwo zakale zili m'kati, zam'tsogolo zili kunja mbali zonse. Bodza nalo liganizireni bwino, amene mwalumikizana naye simungamubisire kanthu, kutanthauza kuti bodza limatheka pa fungo ndi pa kuwala pokha, ndipo amene akukana kulumikizana pa zokambirana aliyense amukayikira.

Sitepe yachisanu ndi chiwiri: manja awo ndi ati?

Moto sangauyandikire, chitsulo sangasule, koma musaganize kuti ndi opanda zida. Bowa ndi katswiri wa mankhwala, penicillin amene Alexander Fleming anamutulukira mu 1928 ndi chida chimene nkhungu ina imaphera mabakiteriya. Amasungunula miyala ndi asidi pang'onopang'ono, ndipo chipatso chofewa chija chimatha kutukula phula la pamsewu ndi mphamvu ya madzi okhaokha. Pali bowa wina wa m'nthaka amene amatchera nyongolotsi zing'onozing'ono ndi timphete, nyongolotsi ikalowetsa mutu kamphete kamafufuma n'kuigwira m'kagawo kamodzi ka magawo khumi a sekondi, umboni woti wochedwa akhoza kukhala ndi msampha wothamanga.

Zonyamula ndi kumanga apatseni tizilombo. Bowa wa Ophiocordyceps unilateralis akalowa mu nyerere amaichititsa kusiya chisa chake, kukwera kachitsamba n'kuluma tsamba mpaka kufera pomwepo, kenako chipatso chimatulukira kumutu kwake. Njira ina yofatsa ndi ya chiswe china chimene chimalima bowa m'chulu, kumubweretsera chakudya ndi kumusungira chinyezi, moti ukayang'anitsitsa umadabwa kuti kodi akuweta mnzake ndani. Sankhani kuti mitundu ina ya eni dziko imagwira tizilombo ukapolo pomwe ina imachita nato mgwirizano, mkangano wa chikhalidwe wapezeka.

Kodi nyenyezi amazidziwa? Akhoza. Kabowa kotchedwa Pilobolus kamamva kumene kukuchokera kuwala, n'kulozetsa mutu wake komweko, n'kuwombera kathumba ka timbewu mtunda wofika mamita awiri. Ndipo mu 2005 ndere zinaikidwa kunja kwa chombo cha m'mlengalenga kwa milungu iwiri n'kubwerako zamoyo. Nde ulendo wawo wa kumwamba ungakhale wa timbewu, koma pali chowawa chimodzi: kambewu kamanyamula mtundu, sikanyamula zokumbukira. Mwana wotumizidwa ku pulaneti lina akamera kumeneko osadziwa kwawo, osadziwa amene anamutuma. Mmene angathetsere zimenezi ndi nkhani yokwana buku lonse.

Sitepe yomaliza: yesani ngati zikugwira

Lembani tsamba limodzi lokha la tsiku limene alendo ochokera kwina atera. Lembani kuchokera kumalire, osati m'maso mwa alendowo. Chombo chikutera chawotcha nthaka, gawo la thupi lapsa limodzi ndi zokumbukira za zaka 300, kamfundo ka pafupi kakumva kutentha, kulemera, ndi mchere wachilendo wa thukuta pamene mlendo wina wavula gulovu n'kugwira dothi. Katumiza uthenga pakati. Alendowo akhala milungu iwiri, atenga dothi m'timabotolo, alemba kuti kulibe zamoyo zanzeru, anyamuka. Pakati pamva patatha miyezi itatu.

Mukamaliza bwererani ndi kakyuleta, yezani mtunda pa mapu anu, gawani ndi liwiro limene munasankha pa sitepe yachinayi, muone ngati masiku akugwirizana. Paliponse pamene mwini dziko wadziwa chinthu uthenga usanamufike, konzani. Paliponse pamene mwalemba kuti anaona, anathamanga kapena anagwira, sinthani muike chimene thupi lake lingachitedi, analawa, anamera kulowera uko, anafotetsa mbali iyo. Dzina la pulaneti muliike pomalizira penipeni ndipo likhale limene alendo analipatsa, la eni akewo ndi kakomedwe ka dothi lawo, kameneko mungokafotokoza m'nkhanimo osakalemba ndi zilembo.